Mlonda pa Mzere

Ku Mandaue, kuseri kwa nyumba yosungiramo simenti,
usiku umanunkha dzimbiri ndi mchere wa kudoko.
Ine Dioscoro, mlonda wa geti lachitatu,
ndatsamiritsa foni pa botolo la khofi wozizira
ndipo ndalemba liwu limodzi lija: ndilowe.
Makina ayankha mosanyinyirika,
ndiwe wa nambala 43.

Perlita ali m'chipinda chake ku Quezon,
nyali zofiirira kumbuyo kwake, mphaka pa shelefu,
akuseka ndi anthu zikwi zinayi nthawi imodzi.
Amatenga atatuatatu. Gemu ikatha, atatu ena.
Tonsefe tili pa mzere wopanda miyendo,
palibe wokuponda chala, palibe thukuta la mnzako,
koma kudikira n'komwe kuja
kwa pa ofesi yolembera ntchito, kwa pa chipatala.
Ndipo kunonso alipo olowera khomo lakumbuyo:
woponya mapeso mazana asanu
dzina lake limawala ngati golide, n'kudumpha mitu yathu.

31. Ndazungulira mpanda ndi tochi.
Galu wa abwana wandiyang'ana ngati ndili naye ngongole.
22. Wina wotchedwa Bebot wagona pa mzere,
amuitana katatu, kuli zii.
Tasangalala, Mulungu atikhululukire.
14. Batire yafiira. Ndazula waya wa fani,
bola udzudzu ndi kutentha.

Masabata atatu ndakhala ndikungonunkhiza.
Tsiku lina ndinali wachiwiri
pamene anayasamula nati, mawa anzanga, ndatopa.
Sindinamukwiyire iye. Ndinakwiyira mpando.

Kenaka, cha m'ma 2 koloko, dzina langa latuluka pakamwa pake,
lopindika, waliluma pakati,
Diyos... Diyosko... iwe wa geti lachitatu, ulipo?
Ndilipo! Ndakuwira matumba a simenti.
Zala zanga zasanduka chinangwa.

Tatera pa chilumba, anthu anayi.
Ine ndatola chisoti ndi mfuti yopanda zipolopolo,
ndagunda khoma, ndagwera m'madzi osafuna.
Ndemanga zikuyenderera m'mbali ngati linthumbu.
Koma Perlita wagwa kuseri kwa galimoto yopsa,
akukwawa, akuitana,
ndipo amene ali pafupi ndine.
Ndagwada. Ndasindikiza batani, mpweya ndaugwira.
Masekondi asanu ndi atatu.
Wadzuka. Wati, zikomo achimwene.
Anthu zikwi zinayi amva.

Pomwepo lole yaliza hutala pa geti.
Teofilo saliza kawiri, amangoimbira abwana.
Ndasiya foni chagada patebulo,
ndakoka unyolo, ndalemba nambala m'kaundula,
ndawerenga matumba, ndamusainitsa
uku akundifotokozera za bondo lake
kuyambira chaka chomwe linayamba kuwawa.

Pobwerera ndapeza munthu wanga ali chiimire
pakhomo la nyumba yogumuka, mfuti pachifuwa,
osasuntha, mphepo ikugwedeza udzu momuzungulira.
Anzake anapita kalekale kutsidya kwa phiri.
Ndemanga zikufa nacho chikhakhali:
taonani, akulondera chiyani ameneyu?
Wina walemba, mpatseni malipiro ake.
Utsi wabuluu wafika, wamukuta, wagwa
asanaombe ndi kamodzi komwe.

Ndaseka nanenso, pang'ono.
Ndabwezera waya wa fani.
Kuseri kwa mpanda atambala a ndewu ayamba kale zawo,
majipini oyamba akutsokomola pa msewu wa ku Consolacion.
Perlita akumwa madzi, akuwerenga maina ena atatu,
langa waliiwala, kapena ayi, ndani angadziwe.
Ndapukuta fumbi la simenti pa galasi ndi chala chachikulu,
ndalembanso liwu lija.

58.