Mphindi Khumi ndi Imodzi

Filimu ya Tadeu, mwana wa mchemwali wanga,
ndi ya mphindi khumi ndi imodzi.
Akuti ikunena za ine.

Anabwereka makiyi anga ndi juzi yanga yobiriwira,
n'kupeza mtsikana wa ku Braga
woti avale nkhope yanga.
Iyeyo amanjenjemera mokongola.
Ine ndikangogwira chitseko, thukuta kamukamu,
mawondo zii,
msewu wa Almada kuyasamula kuti undimeze.
Fungo la mantha kamera silidziwa.

Pa mphindi yachisanu ndi chinayi
mtsikanayo atsika masitepe onse makumi anayi,
atsegula, dzuwa limupsompsona pachipumi.
Usiku uno Porto akumuombera m'manja
m'holo yomwe denga lake ndikuliona pawindo.

Ine ndaonera pafoni, m'khitchini, katatu.
Chino ndi chaka chachisanu osaponda kunja.
Dzulo ndinafika pa sitepe yachisanu ndi chiwiri,
ndinakhala pansi,
buledi wa Dona Benedita akununkhira kuchokera kunsi,
kenaka ndinabwerera chokwawa.
Panalibe nyimbo.

Tadeu, Lamlungu ukamabwera ndi malalanje
kamera uisiye.
Udzangondidikira pa sitepe yachisanu ndi chitatu.