Chipsera

M'buku lija analibe nkhope.
Tinalibwereka kulaibulale ya m'tauni Loweruka lina lachifunga,
chikuto chomata ndi selotepi,
masamba awiri a pakati atadyedwa ndi mphemvu.
Linangoti kunali munthu wina wakuba mayina a ana
n'kumawatsekera m'mabotolo.
Basi.
Mphuno, maso, msinkhu,
Chawezi anachita kuumba yekha m'mutu mwake,
nati ameneyu ndi kondakitala wa minibasi ya ku Ekwendeni
uja anatikaniza chenji.
Tinaseka mpaka kandulo inagwa.

Kenako nkhaniyo inafika pa kanema
ku Chibavi, m'chisakasa cha zigwagwa
momwe umalipira pakhomo n'kukhala pa benchi yonyowa,
mnyamata wa maikolofoni akumasulira Chizungu
mothiramo tsabola wakewake.
Ndinamutengera komweko ndekha, pa njinga yanga ya kabaza.

Wakuba mayina atatulukira, ana anakuwa.
Anamupatsa chipsera chochokera pakhutu mpaka pachibwano.
Anamupatsa mwendo wokoka,
mawu a dzimbiri, chikhoti chakuda,
nyumba yopanda mkazi, yopanda ngakhale nkhuku,
ndi phwete la munthu woseka yekha.
Akamalowa, ng'oma imatsikira m'mimba.

Changa chipsera n'cha macheka a ku Chikangawa,
tsiku lomwe lamba anaduka
ndevu zisanandikwane.
Mwendo n'ngwa tsiku lomwelo.
Chikhoti n'cha pakaunjika,
poti Mzuzu mu Juni safunsa ngati uli ndi mtima wabwino.
Mayi ake a Chawezi anapita ndi malungo,
nkhuku zinapita ndi chitopa.

Kamnyamata ka kutsogolo kanacheuka,
kanandiyang'ana, kanayang'ana kanema,
kanagunda mnzake ndi chigongono.
Ndinakweza kolala.

Pomaliza anagwa kuchokera pansanja, monga amagwera onse,
manja ali m'mwamba, kukamwa yasa,
mabotolo phwaa!
Ana anawomba m'manja, ena kukwera pabenchi.
Palibe anafunsa kuti akasambitse mtembo ndani,
kaya kwawo uthenga unafika.

Ndinakumbuka bambo uja wa ku ofesi
amene anadya ndalama za chipukuta misozi changa.
Masaya osalala ngati mazira,
shati yoyera yonunkhira sopo,
ankanditcha achimwene,
anandigulira ndi chakumwa chozizira
tsiku lomwe ndinadinda chala papepala.
Nkhope ngati imeneyo pa kanema
amaipereka kwa dokotala, kapena kwa bambo a ngwazi.

Potuluka kunali kamvula kaja kosanyowetsa msanga.
Ndinapukuta mpando ndi chipewa, mwana anakwera.
Sanandigwire malaya monga amachitira.
Tcheni chokha ndicho chimayankhula,
ine ndikupalasa ndi mwendo umodzi ndi theka
chitunda cha ku Zolozolo.

Titadutsa pa amayi ogulitsa nthochi
ndinamva kachipumi kake pamsana panga.
Anama, anatero.
Si uja wa m'buku.
Wa m'buku ndi kondakitala.

Ndinafuna kumuuza kuti kondakitalayo naye
mwina ali ndi mwana womudikira ku Luwinga,
mwina chenji chathu chinagula panado.
Koma mpweya unali utandithera pachitunda,
ndipo kwa lero lokha ndinalola
kuti katunduyu asenze mnzanga.

Pakhomo, ndikumasula loko, anafunsanso:
Ababa, mabotolo atasweka
mwana aliyense anatola dzina lake.
Nanga la iyeyo linali m'botolo liti?

Ndinasinkha filimu yonse kuyambira pachiyambi.
Maola awiri athunthu, magetsi osazima n'kamodzi komwe,
panalibe anamuitana.
Ngakhale wa maikolofoni ankangoti chigawenga, chimfiti, chimdala chija.

Usiku anatenga pensulo,
nalemba kanthu m'mphepete mwa tsamba lomaliza.
Buku la eni, ndinatero, adzatilipiritsa.
Anaphimba ndi dzanja.
Lolemba ndinalibweza osatsegula.