Goloboyi Wachiwiri

Chaka chimenecho ndinali goloboyi wachiwiri
pa koleji ya aphunzitsi, m'tsinde mwa phiri la Kasungu.
Wachiwiri, ndiye kuti wonyamula chigubu cha madzi,
wosunga mafoni a anzake m'chipewa,
wodziwa msomali uliwonse wa pa benchi.

Tinayamba mu Meyi, mphepo ikuluma makutu,
jezi khumi ndi zinayi, ziwiri zopanda nambala,
nsapato zobwerekana:
Yotamu akatuluka, Lekeleni ankaponda m'thukuta lake lomwelo.
A Kamzimbi, otiphunzitsa masamu,
ankajambula mapulani pa dothi ndi kamtengo,
mbuzi n'kudzafufuta ife tisanamvetse.

Koma tinkapambana.
Ku Chamama ziwiri kwa duu.
Ku Santhe tinakwera lole yochokera kokasiya fodya,
tinatsika tikuyetsemula, maso ali psuu,
n'kuwamwetsa zinayi.
Ku Nkhamenya tinapeza atawaza mchere pagolo,
Zakeyo anangonyambita chala,
nati wachepa, ndiwo sizikoma,
kenako mutu gu! ukonde n'kuvina.

Pofika Ogasiti tauni inali itatidziwa.
Akabaza ankatinyamula ulere mpaka pa geti.
Mayi Nachisale ankawonjezera chitumbuwa chimodzi
osanena kanthu.
Ana a pulayimale analemba naini ndi khala
kumsana kwa malaya a yunifolomu,
nakwapulidwa, mawa lake n'kulembanso.

Masewero khumi ndi asanu osagonja.
Ndikudziwa chifukwa ndinkawerenga ndine,
ndili chikhalire, magolovesi ali pamwendo,
oyera ngati a mkwati.

Ndiulule pano, poti zaka zapita.
Usiku wina mu hositelo, magetsi atazima,
ndinapempha Mulungu kuti Fanuwelo abinye chala.
Osati kuthyoka ayi. Kubinya chabe.
Fanuwelo yemweyo amene ankandigawira sopo,
akuliza mkonono pa bedi lapamwamba.

Ndime yomaliza inadza mu Novembala.
Kumwamba kunachita bii cha ku Chulu,
fungo la mvula yoyamba likubwera ndi fumbi.
Tinali patsogolo ndi chimodzi.
Kutatsala mphindi zisanu, Fanuwelo anauluka,
natera ndi phewa, osadzukanso.
A Kamzimbi anacheuka, nandiyang'ana
ngati munthu wopeza ndalama yakale m'thumba.
Lowa, anatero.

Ndinalowa miyendo ili zii.
Golo lija, lomwe pa benchi linkaoneka ngati khomo la bafa,
linatambasuka ngati dambo la Bua.
Ndinalavulira m'manja. Ndinawerama.
Ndinakuwa mayina a anzanga, mawu osatuluka.

Mpira sunabwere.

Mphindi zisanu zathunthu unakhalira uko,
Yotamu ndi Lekeleni akuwubisa pa kona
ngati nkhuku yofungatira dzira.
Wezulo inalira, mvula n'kuyamba,
anthu anathyola chingwe, ena atanyamula njinga m'mwamba,
ine ndili chiimire pakati pa mitengo iwiri,
magolovesi akadali oyera.

Pa chithunzi cha chikho ndili kumapeto,
wojambula anandidula khutu.
Fanuwelo ali pakati, mkono uli m'chitenje cha Mayi Nachisale.
Madzulo ake ndinamuchapira jezi,
iye nati ndine m'bale weniweni.
Ndinangoti eya.

Lero ndimaphunzitsa sitandade folo kufupi ndi Chisinga,
ana makumi asanu ndi anayi, choko chimodzi.
Ndamva kuti Zakeyo amagulitsa feteleza ku Jenda,
bondo linamukana.
A Kamzimbi tinakawaika dzinja lapitali,
tinakumana asanu ndi mmodzi okha pamandapo.

Pa buleki ana amamenya mpira wa majumbo kuseri kwa kalasi.
Pali kamnyamata kena, Chiletso,
kamakhala pa chulu katafumbata malaya a anzake,
maso ali pa mpira, phazi likugwedezeka lokha.
Dzulo ndinakaitana.
Kanayang'ana kumbuyo kaye, kuona ngati ndikunena wina.