Dzina la Bambo Limabwera Anthu Atatuluka

Bambo anga, Caetano Vaz,
ankakwera sitima ya m'mamawa ku Bandra,
vayolini pakati pa miyendo, pensulo kukhutu,
kupita kukalira m'malo mwa anthu ena.

Mkulu wopeka nyimbo ankangong'ung'uza pang'ono,
akutafuna masamba ofiiritsa mano,
n'kutuluka kukayankha lamya.
Bambo ankatola kanyimboko kasanazizire
n'kukagawira anthu makumi asanu ndi limodzi:
apa malipenga, apa zitoliro,
ng'oma idikire mpaka mtsikana atatembenuka.
Timadontho takuda pa mizere isanu,
ngati akhwangwala pa mawaya a magetsi ku Dadar.

Chisoni ankachiyeza ndi wotchi.
Mayi wa m'filimu akalandira kalata ya imfa,
Bambo anali ndi masekondi khumi ndi anayi okha
oti holo yonse ifunefune mipango.
Akapitirira ndi sekondi imodzi,
lezala linkadula tepi, n'kuyambiranso.

Kunyumba sankaimba.
Amayi ankati makutu awo atopa,
tizitseka chitseko pang'onopang'ono.
Nthawi ya mvula mapepala ankanyowa okha m'kabati,
ife n'kumawayanika pachingwe pamodzi ndi malaya a sukulu,
nyimbo ya ukwati wa anthu osakhalako
ikudontha inki pakhonde.

Kenako kunabwera bokosi la makiyi apulasitiki
lomwe linameza mavayolini makumi anayi.
Anzawo ena anabwerera ku Goa kukaimba m'maliro.
Bambo anatsala.
Anaphunzira kompyuta ndi chala chimodzi,
imvi zili mbuu, mnyamata wa msinkhu wanga akuwakalipira,
n'kumakonza phokoso la masewero a pa wayilesi ya kanema:
apongozi akatuzula maso, mbale zamkuwa zilire katatu.
Ankadziseka okha. Ankati lendi sidziwa manyazi.

Sabata yatha anaonetsanso filimu yakale ku Matunga.
Ndinawatenga. Khutu lamanzere linafa kalekale,
choncho anakhala chopendekera.
Mtsikana uja ali pamlatho
ndinaona chala chawo chikugunda bondo,
kamodzi, kawiri, dikira,
ng'oma n'kulowa pomwepo.
Mayi wina kutsogolo kwathu anapukuta misozi ndi sari yake.
Sanadziwe kuti amene wamuliza ali kumbuyo kwake,
akulimbana ndi mtedza wokazinga ndi mano atatu.

Magetsi anayaka mayina asanathe.
Wosesa anaima ndi tsache lake, akutiyang'ana.
Ife tinadikirabe.
Atadutsa oyendetsa magalimoto,
atadutsa ophika tiyi,
dzina linakwera, chilembo chimodzi chitasowa.
Ndinawagwira mkono kuti aone.
Iwo anali kufunafuna ndodo yawo pansi pa mpando.
"Chitoliro chija chinachedwa pang'ono," anatero.
"Ndinawauza tsiku lomwelo."