Dzina la Kumapeto kwa Kanema

Anthu akamatuluka, akukutumula makoko a mtedza,
ine ndimatsala ndi zilembo zoyera zikukwera pagalasi.
M'menemo ndi momwe ndinakupezani, Gaspard Oulier,
dzina lachitatu kuchokera pamwamba,
tizilembo tating'ono ngati nyerere pa shuga.

Ine ndine Twaibu, wa vidiyo ya kuseri kwa depoti ya Mangochi.
Chifalansa changa anandisiyira mphunzitsi wa ku Kongo
amene anachoka buku lisanathe.
Kotsalako ndimadzazira ndekha pa maikolofoni.

Kanema wanu woyamba ndinamutola m'katoni ya kaunjika:
nduna yobisa kalata m'chipewa,
mtolankhani akuthamanga pamvula ndi nsapato imodzi.
Munali mnyamata nthawi imeneyo, zimachita kuoneka,
munkalemba ngati munthu wa ngongole ya lendi.
Akabaza anatsamiritsa njinga kumpanda tsiku lonse,
ndinamubwereza kasanu mpaka jenereta inatsamwa.

Wachiwiri, wachitatu, munayamba kupha mwakachetechete:
kapu ya tiyi, telefoni yolira m'nyumba yopanda munthu,
woweruza wosamutsidwa usiku.
Mfuti inalira kamodzi kokha, ena anafuna ndalama zawo.
Koma Abiti Lajabu wa zitumbuwa pakhomo anati,
"Ameneyo akuwadziwa. Akuluakulu sachita phokoso akamadya."

Chaka cha chisankho ndinapsa lilime.
Nduna yanu ija ndinaipatsa katsokomoledwe ka bwana wina wa konkuno
ndi mwambi umene amaukonda pamsonkhano.
Anthu anaseka mpaka malata ananjenjemera.
Kutacha kunabwera awiri a malaya osita bwino,
anafunsa laisensi, ananyamula sipika.
Inu ku Paris munagona tulo tabwino.

Kenako munakalamba. Ndinaonera nkhani zanu:
oipa anayamba kukhala ndi zifukwa,
mwana wodwala, mayi awo kumudzi.
Pachikuto cha dimba ina anakujambulani akukuvekani mendulo,
ndipo dzanja lokuvekanilo linali ndi mphete
yonga ya nduna ya chipewa ija.
Sindinakwiye ayi.
Inenso sipika ndinakaiwombola ndi envulopu
komanso tambala wa mkazi wanga.

Womaliza anafika pa memori khadi mu Okutobala,
thukuta likumata malaya pamsana.
Mkulu wopuma ntchito akuotcha mafayilo m'bafa,
pepala limodzilimodzi,
osatsegula pakamwa mphindi khumi ndi ziwiri.
Ana a kutsogolo anakuwa, "Twaibu, tanenanitu!"
Ndinaika maikolofoni pantchafu.
Kwa nthawi yoyamba ine ndi inu
tinalankhula chilankhulo chimodzi.

Zilembo zitakwera, dzina lanu linali lokha pamwamba,
pansi pake zaka ziwiri,
kamzere pakati.

Ndinathimitsa jenereta, petulo wadula,
n'kutenga tsache.