Ntchito Yodikira

Ku Moatize fumbi la malasha silisankha,
limalowa m'mano, m'thumba la yunifolomu,
limakhala ndi pagalasi la foni yanga yosweka ngodya.
Ndimalipukuta ndi mkono wa malaya.
Ndalama ya chiponde ndagulira mamegabayiti,
ndiye usiku wa mlonda wayamba.

M'fonimo muli bambo wina wa ku India,
akuti ndi kazitape.
Ine ndinkayembekeza chiphona chodumpha madenga,
chowombera ndi manja onse awiri.
Koma uyu kamimba kanatsogola,
nsapato ikumuluma chidendene,
wakhala m'galimoto yozima chiyambire masana
maso ali pa chitseko chimodzi chobiriwira
chimene sichikutseguka.
Tiyi wamuzizirira m'kapu ya pepala.
Abwana ake akufuna malisiti a petulo.

Ndinaseka ndekha pageti
mpaka galu wa Felizarda anauwa kutsidya kwa njanji.
Uyu ndi mnzanga, ndinatero,
tonse timadyera kusagona,
ndipo tikagwira wakuba amatchulidwa ndi ena.

Chinenero chawo sindichimva.
Timawu ta Chipwitikizi tam'munsimo
timathamanga kuposa maso anga.
Koma bodza ndimalizindikira kulikonse:
munthu amayamba wakonza wotchi pamkono,
kenako ndi pamene amayankha.

Bambo anga ankatero.
Nthawi ya nkhondo ku Tsangano
ankagulitsa mchere ndi sopo pa njinga,
midzi isanu, kudutsa pakati pa mfuti
za awa ndi za awo, osakhudzidwa.
Nyumba za anzathu zinapsa. Yathu inatsala.
Nditakula ndinafunsa kamodzi kokha.
Anagwira pamkono, pomwe panalibe ngakhale wotchi,
nati, mchere unali wosowa, mwananga.
Tinawaika m'manda ndi yankho lomwelo.

Mwina ndicho chifukwa sindidumpha gawo.
Sindidikira bomba, kapena kuthamangitsana pamsika.
Ndimadikira usiku umene bamboyu
adzakhale pansi ndi mwana wake wamkazi
n'kunena zonse, dzina ndi dzina,
amene anamupulumutsa, amene anamusiya panjira.
Lero linali gawo lachisanu ndi chitatu.
Mwanayo anafunsadi.
Iye anangotsuka mbale ziwiri
n'kuzimitsa nyali ya kukhitchini.

Sitima ya ku Nacala ikutuluka tsopano,
ndawerenga mabogi mpaka ndasokoneza.
Batire latsala kachingwe kofiira.
Kuseri kwa mpanda ndamva mapazi,
mnyamata wa Amai Jenoveva ndi thumba lake
akutola malasha ogwa,
ndipo ine tochi ndayiloza kumwamba.

Kukacha Gonsalo adzabwera kudzandilandira,
adzatsegula buku, adzanyambita cholembera,
adzati, kunali zotani usiku?
Ndikudziwa kale pomwe dzanja langa lidzapite
ndisanayankhe kuti
kunalibe kanthu.