Chipondamthengo

Envelopu inali yakhaki, yopyapyala.
A Mkwinda anailowetsa m'thumba la malaya anga
ngati akundichotsa kachitsotso.
"Ya thiransipoti, mwana wanga. Mafuta adula."
Chonsecho ndinali nditabwera wapansi.

M'sitolo yawo ku Linga
matumba anali ataunjikana mpaka kudenga.
Anati msika wakhuta, ku Lilongwe sakugulanso,
kilo yatsika ndi mazana atatu,
alimi agulitse msanga asanalire.
Ndinalemba. Dzanja silinanjenjemere.

Mayi Nankhwazi, mkonzi wathu,
amawerenga nkhani ndi chala
ngati wosankha timiyala m'lichero.
"Nambala iyi wakuuza ndani?"
Ndinati amalonda.
"Angati?"
Ndinati ambiri.
"Sikelo unaiona? Ku Bua unaimbako?"
Magetsi anathima, jenereta inakana kawiri,
nthawi ya nkhani zamalonda inakwana,
anangondikodola kuti ndilowe.

Mawu anga amakoma pa wailesi, aliyense amatero.
Anawoloka Kaombe tsiku limenelo,
anakalowa m'nyumba zaudzu
pa mabatire otsala pang'ono kutha,
ndipo anthu anawakhulupirira
poti ndine mwana wa a Sumani, ndinakula akuona.

Loweruka azakhali anga a Asiyatu anatsika pa kabaza,
ndalama atamanga pansonga ya chitenje.
Matumba khumi ndi awiri:
kuwokera m'matope ofika m'mawondo,
kukuwiza mpheta mpaka mawu kusasa.
"Ndinamva iwe ukunena, ndiye ndinathamangira.
Pakanapanda iwe bwenzi nditaluza zonse."
Anandisiyira nkhuku yothokozera.

Usiku womwewo lole ya a Mkwinda inanyamuka
kupita ku Lilongwe kosagula kuja.

Ndinawerengetsa pa foni.
Mazana atatu, makilo makumi asanu pa thumba,
matumba khumi ndi awiri.
Fizi ya Mwajuma inali momwemo,
ndi malata amene akhala akuwalota zaka zinayi.
Khomo limodzi lokha limenelo.
Mu envelopu munali zikwi makumi awiri.

Ndinaiika patebulo la mayi Nankhwazi yoperewera,
poti zikwi zinayi zinali zitapita ku mayunitsi ndi sopo.
Sanakalipe. Anavula magalasi, napukuta nthawi yaitali.
"Nanenso ndinakulola kulowa," anatero.
"Lemba zokonza. Usati panali kusamvetsetsana.
Tchula mtengo umene unanena, tchula weniweniwo.
Unene kuti unamva kwa munthu mmodzi
ndipo munthuyo amagula mpunga."
"Nanga za envelopu?"
"Nazonso."

Ndinawerenga katatu tsiku limenelo,
lilime likulemera ngati thumba lonyowa.
Koma bodza linali litakwera lole,
kukonza kunkalondola pambuyo wapansi.
Mpunga sunabwerere.
A Mkwinda anachotsa malonda awo pa wailesi,
malipiro anachedwa kwa tonse mwezi umenewo,
ngakhale kwa mlonda, amene sanalakwe kanthu
ndipo mpaka lero amandipatsa moni wa mphuno.

Masiku ano ndimayenda ndi kope lamizere.
Ndimaima pasikelo mpaka muvi ukhazikike,
ndimafunsa wogula, ndimafunsa wogulitsa,
ndimaimba ku Dwangwa, ndimaimba ku Benga,
ndipo nambala ikakhala ya munthu mmodzi
ndimanena kuti ndi ya munthu mmodzi.
Fanta wa pamsonkhano ndimamwa, sindinama,
koma ndikumwa ndimadzifunsa kuti walipira ndani.

Azakhali sananenepo kanthu.
Wailesi amatsegulabe, amakonda zamaliro ndi zampira,
koma ikafika nthawi yanga
amatuma mwana akafunse yekha kumsika.

Nkhuku ija ikuikira kuseri kwa bafa.
Kuipha ndalephera, kuibweza ndalephera.
M'mawa uliwonse imatetera pansi pa zenera langa
ndisanapite kukawerenga mitengo.